Amvedwe Pamodzi, Ayankhidwe Payekhapayekha: Za Maapilo Ochokera pa Chigamulo Chimodzi

Mawu oyamba

Pa 3 Febuluwale 2020 ntchito zambiri zidayima m'Malawi muno. M'misika, m'maminibasi ndi m'makonde anthu adawunjirira mawayilesi kuyambira m'mawa mpaka usiku, kumvera oweruza asanu akulandizana kuwerenga chigamulo cha mlandu wa chisankho cha pulezidenti. Ine nthawi imeneyo n'kuti ndili ku sekondale, ndipo monga anzanga ambiri ndidaganiza kuti kuwerengako kukangotha, nkhani yathera pomwepo. Sizidatero. Pasanapite masiku ambiri a Peter Mutharika adati akukachita apilo, nalonso bungwe loyendetsa zisankho la MEC lidatero. Chigamulo chidali chimodzi koma omang'ala adali awiri, aliyense ndi maloya ake komanso zifukwa zake.

Apa ndi pamene pagona funso la chimangirizo chino. Kodi bwalo la milandu lizichita chiyani anthu awiri kapena angapo akakamang'ala za chigamulo chimodzimodzi? Lizimva aliyense pa tsiku lake, pamaso pa oweruza ake, kapena liziwasonkhanitsa onse? Funsoli likuwoneka ngati la maloya ndi akalaliki a kukhoti okha, koma yankho lake limakhudza munda wa munthu, ufulu wa mkayidi ngakhalenso mpando wa mtsogoleri wa dziko. Maganizo anga ndi akuti maapilo otere azimvedwa pamodzi ndi oweruza amodzimodzi, koma womang'ala aliyense azilandira yankho lake pa zifukwa zake. Kuwamva pamodzi kumathandiza bwalo kuti lisadzitsutse lokha, ndipo kuwayankha payekhapayekha kumathandiza munthu kuti asamire m'mlandu wa mnzake.

Apilo si kuzenganso mlandu

Tisanapite patali ndi bwino tigwirizane tanthauzo la apilo. Anthu ambiri amayesa kuti kuchita apilo ndi kuyambiranso mlandu, mboni zibwerenso, zilumbirenso ndi kufunsidwanso mafunso. Kawirikawiri sizikhala choncho. Bwalo la apilo limawerenga zimene zidalembedwa m'bwalo loyamba, monga umboni, mapepala amene mbali zonse zidapereka ndi chigamulo chenichenicho. Kenaka limamvera womang'alayo akuloza pamene akuti woweruza adaphonya lamulo kapena sadasanthule bwino umboni. Malo olozedwawo ndiwo amatchedwa zifukwa za apilo, ndipo amalembedwa m'ndandanda, chimodzichimodzi.

M'dziko lathu makwerero ake ndi odziwika. Wosakhutira ndi chigamulo cha majisitireti amapita ku Bwalo Lalikulu, ndipo wosakhutira ndi Bwalo Lalikulu amapita ku bwalo la apilo la Supreme, limene gawo 104 la malamulo oyendetsera dziko lino limati ndilo lapamwamba pa onse. Kupitirira pamenepo kulibenso kolowera. Gawo 42 la malamulo omwewo limapatsa munthu woyimbidwa mlandu ufulu wokadandaula ku bwalo la pamwamba.

Makwerero otere si achilendo kwa ife. Kumudzi, wosakhutira ndi chiweruzo cha nyakwawa amapita kwa gulupu, ndipo zikakanika kumeneko amakafika kwa mfumu yayikulu. Kusiyana kwake n'kwakuti kumudzi onse okhudzidwa amayitanidwa pabwalo tsiku limodzi, pamene kukhoti aliyense amalemba chikalata chake, nachipereka pa tsiku lake, chikalatacho n'kupatsidwa nambala yakeyake. Motero chigamulo chimodzi chitha kubala mafayilo awiri kapena atatu, ndipo ngati palibe wowalondoloza, mafayilowo atha kugwa m'manja mwa oweruza osiyana.

Mmene maapilo otere amabadwira

Maapilo a pa chigamulo chimodzi amabadwa m'njira zitatu. Yoyamba ndi pamene anthu amene adali mbali imodzi agonja onse, koma aliyense akumang'ala payekha. Tiyerekeze kuti minibasi yachita ngozi, wovulala wasumira mwini galimoto pamodzi ndi kampani ya inshulansi, ndipo bwalo lalamula kuti awiriwo apereke chipukuta misozi. Mwini galimoto atha kuchita apilo ponena kuti dalayivala wake sadalakwe, pamene kampani ikuchita yake ponena kuti inshulansiyo idali itatha mphamvu pa tsiku la ngoziyo.

Njira yachiwiri ndi pamene wogonja ndi wopambana onse sadakhutire. M'chitsanzo chomwechi, wovulala uja atha kunena kuti ndalama zimene wapatsidwa n'zochepa poyerekeza ndi mwendo umene wataya. Apilo yake imakhala yoyang'anizana ndi ya olipira aja. Iwo akukokera pansi, iye akukokera m'mwamba, koma chingwe chili chimodzi.

Njira yachitatu imapezeka m'milandu ya upandu. Tiyerekezenso kuti anyamata anayi azengedwa limodzi mlandu wothyola sitolo, ndipo onse alamulidwa kukakhala kundende zaka 6. Woyamba abale ake amupezera loya ndipo wachita apilo msanga. Wachiwiri walemba yekha kalata ali m'ndende patapita miyezi. Awiri otsalawo angoti chete chifukwa sakudziwa poyambira. Anyamata anayiwa tisawayiwale, chifukwa tidzawabwerera kutsogoloku.

Mabwalo amene amatsata kazengedwe kochokera ku Mangalande, monga athuwa, ali ndi njira zingapo zosamalira maapilo otere. Atha kuwaphatikiza kuti akhale mlandu umodzi wa nambala imodzi. Atha kuwasiya ndi manambala awo koma n'kuwamva tsiku limodzi pamaso pa oweruza amodzimodzi. Athanso kusankha apilo imodzi kuti itsogole, zinazo zidikire, ndipo yankho la yotsogolayo lidzakhale muyeso wa zotsalazo. Posankha njira, oweruza amawona ngati maapilowo akukhudza funso limodzi la lamulo kapena umboni umodzi, komanso ngati pali wina amene kuphatikizako kungamupweteke.

Zimene zidachitika mu 2019 ndi 2020

Mlandu wa chisankho uja ndi chitsanzo chabwino chifukwa kusonkhanitsa kudachitika kawiri, pansi ndi pamwamba pomwe. Chisankho chidachitika pa 21 Meyi 2019, ndipo bungwe la MEC, motsogozedwa ndi mayi Jane Ansah, lidalengeza kuti a Mutharika a DPP apambana ndi mavoti 38.57 pa 100 aliwonse, a Lazarus Chakwera a MCP apeza 35.41, ndipo malemu a Saulos Chilima a UTM apeza 20.24. A Chilima ndi a Chakwera adakasuma ku Bwalo Lalikulu aliyense payekha. Popeza onse ankadandaula za chisankho chimodzi, madandaulo awo adaphatikizidwa, a Chilima nakhala wodandaula woyamba, a Chakwera wachiwiri. Mlanduwo udaperekedwa kwa oweruza asanu: Healey Potani, Ivy Kamanga, Dingiswayo Madise, Redson Kapindu ndi Michael Tembo. Umboni udayamba kumvedwa mu Ogasiti 2019, mawayilesi akuwulutsa zonse, womasulira akutembenuzira m'Chichewa. Ndi nthawi imeneyi pamene liwu lakuti tipeksi lidalowa m'kamwa mwa aliyense, ngakhale agogo amene sadagwirepo cholembera.

Chigamulo cha pa 3 Febuluwale, cha masamba pafupifupi 500, chidafafaniza zotsatira za chisankhocho, chidalamula kuti chisankho china chichitike pasanathe masiku 150, ndipo chidati wopambana ayenera kupeza mavoti oposa theka la mavoti onse oponyedwa, zimene anthu adangozitcha 50+1. A Mutharika ndi MEC adapempha kuti chigamulocho chiyambe chayimitsidwa podikira apilo, koma bwalo lidakana. Ku Supreme maapilo awo adamvedwa ngati mlandu umodzi, a Mutharika womang'ala woyamba, MEC wachiwiri. Oweruza asanu ndi awiri, motsogozedwa ndi Jaji Wamkulu wa nthawi imeneyo a Andrew Nyirenda, adamva mbali zonse mu Epulo, ndipo pa 8 Meyi 2020 onse mogwirizana adakana maapilo awiriwo.

Ubwino womva maapilo pamodzi

Ubwino woyamba, umenenso uli waukulu pa onse, ndi wakuti bwalo silidzitsutsa. Taganizirani chimene chikadachitika maapilo awiri aja akadamvedwa padera. Malamulo oyendetsera dziko amati oweruza a ku Supreme asachepere atatu pogamula mlandu, kusonyeza kuti bwalolo litha kukhala m'magulu osiyana. Gulu lina likadatha kumva a Mutharika n'kunena kuti chisankho chidayenda bwino, gulu linanso n'kumva MEC n'kunena kuti chidali ndi zolakwika zosayenera kuzilekerera. Magulu onse awiri ndi Supreme, ndipo pamwamba pawo palibe wina wowalekanitsa. Kodi apolisi, asilikali ndi Nyumba ya Malamulo akadamvera ati? M'miyezi imeneyo misewu ya m'mizinda yathu idali itawona kale zionetsero zambiri, ndipo zigamulo ziwiri zotsutsana zikadakhala ngati kuthira mafuta pamoto.

Ngozi imeneyi si yongopeka, chifukwa pakati pa mlanduwu padali liwu limodzi la Chingerezi limene oweruza adalimva mosiyana. Pa nthawiyo gawo 80 la malamulo oyendetsera dziko linkati pulezidenti azisankhidwa ndi "majority" ya ovota. Chitatha chisankho cha 1999, malemu a Gwanda Chakuamba adafika nalo liwuli ku Supreme, ndipo m'chaka cha 2000 bwalolo lidamasulira kuti wopambana ndi amene waposa anzake onse. Ndi tanthauzo limeneli malemu a Bingu wa Mutharika adalowa m'boma mu 2004 ndi mavoti osafika 40 pa 100 aliwonse, chimodzimodzinso a Peter Mutharika mu 2014. Oweruza asanu aja adapatuka pa tanthauzo limenelo, ngakhale kuti mwa chizolowezi Bwalo Lalikulu limatsata zimene Supreme idagamula kale. Kotero oweruza a apilo adali ndi matanthauzo awiri patsogolo pawo, lakale ndi latsopano, ndipo lililonse lidali ndi oliyikira kumbuyo.

Ife ophunzira ziyankhulo tidazolowera kuti liwu limodzi litha kukhala ndi matanthauzo awiri popanda vuto. Munthu akati "mtengo", nkhani yake ndiyo imatiwuza ngati akunena wa m'nkhalango kapena wa pamsika. Koma chisankho chimodzi sichingakhale ndi miyeso iwiri ya wopambana. Kudali kofunika kuti gulu limodzi la oweruza limve zonse zimene omang'ala awiriwo ankanena pa liwuli, lisankhe tanthauzo limodzi, ndipo tanthauzolo limange onse. Supreme idasankha 50+1 n'kusiya kamasulidwe ka mu 2000, ndipo mkangano wa liwulo udathera pomwepo.

Ubwino wachiwiri ndi wa nthawi. Kuchokera pa 3 Febuluwale kufika pa 8 Meyi padapita masiku 95, kutanthauza kuti pa masiku 150 aja adali atatsala 55 okha. Komanso chigamulo cha Supreme sichidangovomereza cha Bwalo Lalikulu ayi, chidawonjezera mfundo zofunika pa kayendetsedwe ka chisankho chatsopanocho. Chidati ovota akhale okhawo amene adalembetsa pa chisankho cha 2019, ndipo opikisana achokere mwa omwe aja adapikisana nawo, zimene zidayimitsa kalembera watsopano amene MEC idali itayamba. Apilo yachiwiri ikadakhala ikudikirabe tsiku lake, palibe akadadziwa kawundula woti agwiritse ntchito kapena mayina oti asindikizidwe pa mapepala ovotera. Zengerezu adalinda kwawukwawu. Chifukwa chakuti yankho lidabwera kamodzi, chisankho chidachitika pa 23 Juni 2020, patangopita masiku 46, ndipo a Chakwera adapambana ndi mavoti oposa 58 pa 100 aliwonse.

Ubwino wachitatu ndi wa ndalama ndi mphamvu za anthu. Mlandu umene wamvedwa miyezi ingapo umasiya mulu wa mapepala. Kukonza mulu umenewo kawiri, kuti magulu awiri a oweruza awuwerenge kawiri, ndi kuwononga misonkho ya anthu. Koma amene amapwetekeka kwambiri ndi wopambana uja, chifukwa ayenera kukayankha apilo iliyonse. Andale ali ndi zipani ndi maloya owayimira. Nanga wovulala pa minibasi uja, ngati kwawo ndi ku Chitipa ndipo mlandu uli ku Mzuzu, kapena kwawo ndi ku Nsanje ndipo mlandu uli ku Blantyre? Ulendo uliwonse ndi mbuzi yogulitsidwa. Kumuyitana kawiri pa chigamulo chimodzi ndi kumulanga chifukwa chopambana mlandu.

Kuwopsa kwa mtolo umodzi

Wina atha kunena kuti ngati ubwino wake ndi wochuluka chotere, basi maapilo onse a pa chigamulo chimodzi azingomangidwa mtolo umodzi, yankho likhalenso limodzi. Apa ndi pamene ine ndikukanira. Kuphatikiza ndi kusakaniza ndi zinthu ziwiri zosiyana. Mayi akaphatikiza mitolo iwiri ya nkhuni pamutu, pofika kunyumba atha kuyilekanitsa. Akasakaniza ufa woyera ndi mgayiwa, palibenso angazilekanitse. Bwalo liziphatikiza, lisamasakanize.

Chifukwa choyamba n'chakuti anthu omang'ala limodzi sakhala ndi cholinga chimodzi nthawi zonse. A Mutharika ankateteza kupambana kwawo, pamene MEC inkateteza kagwiridwe kake ka ntchito. Wina adali wosewera, wina woyimbira mpira, ndipo funso lakuti woyimbira adagwira bwino ntchito ndi losiyana ndi lakuti wosewera adachita zolakwika. M'milandu ya upandu kusiyanaku kumakula kwambiri. Mwa anyamata anayi aja, wina atha kukhala amene adagwira chikwanje, wina adangopezeka ndi wayilesi yobedwa m'nyumba mwake, ndipo njira yokhayo yodzipulumutsira ndi kuloza mnzakeyo. Akapatsidwa loya mmodzi ndi nthawi imodzi yoyankhulira, mawu a wofowoka ndiwo amamira.

Chifukwa chachiwiri n'chakuti apilo yolembedwa mosasamala itha kudetsa inzake. Mu 2020 zifukwa za apilo zidali zoposa 100, ndipo Supreme idadzudzula mwamphamvu zina mwa izo kuti zidali zopanda maziko komanso zosalemekeza bwalo. Sindikunena kuti kudzudzulako kudapweteka wina aliyense m'mlandu umenewo, poti oweruza adapereka zifukwa zawo mwatsatanetsatane. Koma oweruza nawo ndi anthu, amatopa ndiponso amakwiya. Mwambi wakuti nsomba ikawola imodzi zonse zawola ndi wabwino kwa wogulitsa usipa, koma suyenera kulowa m'khoti. Munthu amene wabwera ndi zifukwa zitatu zomveka asakanidwe chifukwa chakuti woyandikana naye wabwera ndi makumi asanu zopanda mutu.

Chifukwa chachitatu ndi kuchedwa. Kumva pamodzi kumapulumutsa nthawi ngati onse akonzeka. Ngati wina akuzengereza, kaya mwadala kaya posowa loya, wokonzeka uja amadikira naye. Mkayidi wa zaka ziwiri atha kumaliza chilango chake apilo isanamvedwe, ndipo kupambana kwake kumadzakhala kwa papepala chabe. Akuluakulu adati mlandu suwola, koma zaka za munthu zimapita osabwerera. Bwalo liyenera kuyika tsiku lomaliza, ndipo wozengereza akalephera, wokonzekayo amvedwe yekha.

Tisayiwalenso kuti kumva pamodzi pakokha si chilungamo. Mu 1983 a Orton Chirwa ndi akazi awo a Vera Chirwa adaweruzidwa limodzi ndi bwalo la makolo kuti aphedwe pa mlandu wowukira boma, ndipo m'mabwalo amenewo maloya sankaloledwa kuyimira munthu. Apilo yawo idakanidwa mu 1984 ndi bwalo la makolo la apilo. Chilangocho chidasinthidwa kukhala ndende moyo wonse, a Orton adamwalira m'ndende ya Zomba mu 1992, ndipo a Vera adatulutsidwa mu 1993. Adazengedwa limodzi, adakanidwa limodzi, koma lero ndi ochepa angayime n'kunena kuti adaweruzidwa mwachilungamo. Kaphatikizidwe ka milandu kamathandiza pokhapo pamene oweruza ali oyima pawokha ndipo womang'ala aliyense ali ndi mwayi weniweni wodziteteza.

Nanga amene sadachite apilo?

Tsopano tibwerere kwa anyamata awiri aja amene adangoti chete. Tinene kuti woyamba uja wapambana apilo yake, Bwalo Lalikulu lapeza kuti mboni yokhayo imene idati idawawona usiku umenewo siyikadatha kuzindikira munthu mumdima wotero. Iye watuluka. Anzake akadali m'ndende chifukwa cha mawu a mboni yomweyo. Chizolowezi cha mabwalo n'chakuti amayankha amene wabwera kudzadandaula, ngati mmene mwambi umanenera kuti wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Pa milandu ya ndalama ndi katundu mfundoyi ndi yomveka, chifukwa munthu ali ndi ufulu wovomereza kugonja kuti apitirize moyo wake. Koma mkayidi amene sadziwa kulemba, alibe loya ndipo sadawuzidwe kuti mnzake wachita apilo, sitinganene kuti wavomereza. Iye m'mimba wamvamo ndithu, koma chitseko n'chokhoma ndipo kiyi ali ndi ena.

Dziko lathu lidaphunzirapo kale za kuwawa kwa kusiyidwa m'mbuyo. Mu 2007, pa mlandu wa Francis Kafantayeni ndi anzake, Bwalo Lalikulu lidagamula kuti lamulo lokakamiza woweruza kupereka chilango cha imfa kwa aliyense wopezeka wolakwa pa mlandu wakupha n'losemphana ndi malamulo oyendetsera dziko. Amene adasuma adali ochepa, koma akayidi amene adalandira chilango pansi pa lamulo lomwelo adali oposa 100. Ntchito yowunikanso zilango zawo mwadongosolo idayamba mu 2015, patapita zaka 8, ndipo ambiri mwa iwo adatulutsidwa. Anthuwa sadali m'chigamulo chimodzi monga anyamata athu aja, komabe phunziro lake ndi lomwelo: bwalo likapeza cholakwa chimene chikukhudza anthu ambiri, kukonzera yekhayo amene adafika pakhomo ndi kusiya ntchito pakati.

Chida chothetsera vutoli chilipo kale. Bwalo Lalikulu lili ndi mphamvu zowunikanso zigamulo za mabwalo a majisitireti ngakhale popanda apilo. Chimene ndikupempha n'chakuti mphamvu zimenezi zizigwiritsidwa ntchito nthawi iliyonse pamene mmodzi mwa ozengedwa limodzi wapambana pa chifukwa chokhudza onse. Fayilo ili kale patebulo la woweruza, mayina a enawo ali momwemo, ndipo kuwayitana sikufuna lamulo latsopano.

Palinso nkhani ya chiyankhulo, imene pano siyingalambalalidwe. Zigamulo ndi zikalata za m'makhoti athu zimalembedwa m'Chingerezi. Gawo 42 lija limati woyimbidwa mlandu azengedwe m'chiyankhulo chimene amamva, apo ayi amumasulire, ndipo omasulira amagwiradi ntchito imeneyi mlandu uli m'kati. Koma apilo imayenda ndi mapepala, ndipo mapepala alibe womasulira woyima pambali pake. Mu 2019 anthu a m'midzi adatsata mlandu wovuta wa malamulo kwa miyezi ingapo chifukwa adawumva m'Chichewa. Ngati zidatheka pa mlandu wa atsogoleri, zingalephereke bwanji pa kapepala ka tsamba limodzi kodziwitsa mkayidi m'Chichewa, m'Chitumbuka kapena m'Chiyawo kuti mnzake wachita apilo, ndipo naye ali ndi mwayi wolowa nawo?

Mawu omaliza

Chimangirizo chino chayesa kusonyeza kuti maapilo ochokera pa chigamulo chimodzi ayenera kumvedwa pamodzi, chifukwa kutero kumapewetsa zigamulo zotsutsana, kumapulumutsa nthawi ndipo kumachepetsa mtolo wa wopambana. Chasonyezanso kuti kuphatikizako kuli ndi malire. Pa zimenezi ndikupereka mfundo zitatu. Choyamba, apilo ikangolowa, akalaliki a bwalo azifufuza ngati pali ina ya pa chigamulo chomwecho, ndipo onse okhudzidwa azidziwitsidwa m'chiyankhulo chimene amamva. Chachiwiri, chigamulo cha apilo chizitchula womang'ala aliyense ndi dzina, zifukwa zake ndi yankho lake, kuti powerenga adziwe chimene wagonjera kapena wapambanira. Chachitatu, m'milandu ya upandu, chifukwa chimene chamasula mmodzi chiziwunikidwanso kwa anzake onse, achite apilo asachite.

Mlandu wa mu 2020 udayenda msanga ndi mwadongosolo chifukwa dziko lonse lidali tcheru, ndipo mbali zonse zidali ndi maloya odziwa ntchito yawo. Milandu yambiri yofika m'mabwalo athu ilibe wayilesi yoyiwulutsa. Ndi ya anthu onga wovulala pa minibasi uja ndi anyamata a pa sitolo aja. Ena mwa ife amene tikuwerenga bukuli tidzakhala omasulira m'makhoti, akalaliki, atolankhani kapena aphunzitsi a oweruza a mawa. Fayilo ya mayina anayi ikadzatipeza, koma womang'ala ali mmodzi, tidzakumbuke kufunsa kuti atatu enawo ali kuti.